Samuel Josiah Nthara ndi Buku Lake la Nthondo

Samuel Josiah Nthara adabadwa m'chaka cha 1905, pa nthawi imene dziko lino linali m'manja mwa Angerezi. Maphunziro ake adachita m'sukulu za mishoni ya Dutch Reformed, ndipo atakula adagwira ntchito yauphunzitsi ku Nkhoma. M'mabuku a Chingerezi dzina lake limalembedwa kuti Ntara, popeza kalembedwe ka masiku amenewo kadalibe malamulo okhazikika.

Mbiri yake idayamba kuwanda chifukwa cha mpikisano umene bungwe lina la ku London, loona za zinenero ndi miyambo ya mu Africa, linkachititsa pofuna kulimbikitsa anthu akuda kulemba m'zinenero zao. Mphunzitsi wachinyamatayu adatumiza nkhani ya Nthondo, nalandira mphotho. Bukulo lidasindikizidwa mu 1933, ndipo mu 1934 Thomas Cullen Young, amene adakhalapo mmishonale ku Livingstonia, adalimasulira m'Chingerezi nalitcha Man of Africa. Mau otsogolera adalemba ndi Julian Huxley. Apa n'kuti kudakali zaka 20 kuti Camara Laye wa ku Guinea atulutse L'Enfant noir m'Chifalansa, ndi zaka 25 kuti Chinua Achebe atulutse Things Fall Apart.

Nthondo ndi munthu wopeka, ngakhale nkhani yake idayalidwa ngati mbiri ya munthu weniweni, kuyambira kubadwa kufikira kumwalira. Pa ubwana wake ndi mwana wosamva, wakuba ndi wovutitsa mudzi. Apita kunja kukafuna ntchito monga ankachitira anyamata ambiri a nthawiyo, abwerera kwao, alowa ufumu, ndipo potsiriza atembenuka mtima nakhala Mkhristu. Mphamvu ya bukuli ili m'mitu ya kumudzi. Nthara adaudziwa moyo wa Achewa kuchokera m'kati: zoletsa za pa uchembere, mantha a mdulo ndi ufiti, milandu ya pabwalo, maliro. Wowerenga wa ku Kabudula kapena ku Nsaru angathe kuwazindikira agogo ake m'masamba amenewa. Koma pofika pa kutembenuka mtima nkhani ithamanga, ndipo Nthondo wovuta uja afatsa msanga kuposa m'mene mtima wa munthu ufatsira. Mlembi anali wantchito wa mishoni, osindikiza analinso a mishoni, choncho mathero ena akadavuta kudutsa.

Nthara sadalekere pomwepo. Adayenda kufunsa akuluakulu za mafumu ndi mafuko, nalemba Mbiri ya Achewa, buku limene akatswiri a mbiri yakale amalitchulabe, ndipo lidatuluka m'Chingerezi mu 1973. Adalembanso za mfumu Msyamboza ya ku Dowa, imene Young adaimasulira mu 1949, ndiponso za Mbusa Namon Katengeza wa mpingo wa Nkhoma. Adamwalira m'zaka za m'ma 1970, ataona chinenero chimene adalembamo chikukhala cha fuko lonse mu 1968.