Chigawenga cha mu Goldfinger: Gert Fröbe ndi mlandu wake

Sabata yatha, basi itaima pa mzele wa magalimoto mu Great East Road, mnyamata wapambali panga anali kutamba James Bond pa foni. Ndinasuzumilako, ndaona mdala uja wamimba, wokonda golide, wa mu Goldfinger ya 1964. Ambili timaidziwa nkhope yake, koma dzina sitilidziwa: Gert Fröbe, wa ku Germany.

Anabadwa mu 1913 kufupi ndi Zwickau. Anayamba ndi kupenta zithunzi za pa siteji ku Dresden, kenaka nayenso n'kukhala wosewela. Mimba ija inabwela pambuyo. Mu 1948, mu filimu ya Berliner Ballade, anali woonda maningi, nthiti zochita kuwelengeka, ndipo anasewela ngati munthu wamba wobwelako ku nkhondo, wofuna chabe chakudya. Mu 1958 anasewela ngati wopha ana mu filimu ina, n'kuopsa anthu kwambili. Mpamene opanga Bond anamuona.

Chosekesa n'chakuti mawu amene mumamva mu Goldfinger si ake. Chizungu chake chinali chovuta kumva, ndiye anaikapo mawu a Michael Collins, wa ku Britain.

Manje nkhani yeniyeni ndi iyi. Mu 1965, kutchuka kuli pachimake, anavomela kwa mtolankhani kuti anakhalapo membala wa chipani cha Nazi. Analowa mu 1929 ali ndi zaka 16, n'kutuluka mu 1937. Dziko la Israel linaletsa mafilimu ake. Ntchito ikanathela pomwepo. Koma ku Vienna kunatulukila Myuda wina amene anachitila umboni kuti nthawi ya nkhondo Fröbe anamuthandiza iye ndi amayi ake kubisala, ndi kuwapatsa chakudya. Chiletso chija chinachotsedwa patapita masabata ochepa.

Ine monga mtolankhani, nkhani iyi imandivuta. Zaka 8 mu chipani chija si zochepa. Sanatuluke mawa lake. Komabe kubisa Ayuda mu Vienna ya nthawi ija kunali kuika khosi pa mpeni, ndipo amene anakamba zimenezi si iye, ndi munthu amene anapulumuka.

Anapitiliza kusewela, mu Chitty Chitty Bang Bang mu 1968, mpaka pa TV yakwawo mu Die Schwarzwaldklinik. Anamwalila ndi matenda a mtima ku Munich mu 1988, ali ndi zaka 75.

Mnyamata uja anatsika pa Manda Hill, filimu isanathe.