Du Chisiza Junior: Mwana Wamasiye Amene Anakweza Zisudzo

Ana inu, kodi mukudziŵa kuti mwana wamasiye angathe kuphunzitsa dziko lonse? Du Chisiza Junior anabadwa m'chaka cha 1963, bambo ake, a Dunduzu Chisiza, atamwalira kale pa ngozi ya galimoto mu 1962. Ali pa sukulu ya HHI, ku mishoni ya Blantyre, analemba seŵero la m'Chingerezi lotchedwa The Deceased's Attack, ndipo linapambana pa mpikisano wa masukulu. Atabwerako kokaphunzira ku America, anayambitsa gulu la zisudzo la Wakhumbata mu 1987. Maseŵero ake, monga Papa's Empire, ankadzudzula ulamuliro wopondereza pa nthaŵi imene anthu ankaopa kulankhula. Anamwalira mu 1999, ali ndi zaka 35. Pemphani aphunzitsi anu akupezereni maseŵero akewo kuti muŵerenge. Umasiye sunakwirire luso lake; inunso musakwirire lanu.