Louis Pasteur, Amene Anapeza Katemera wa Chiwewe

Galu akayamba kuluma aliyense, dovu lili chuchuchu, pamudzi sipakhala mtendere. Chiwewe chikaonekera mwa munthu sichichizika. Koma wolumidwa akafika msanga kuchipatala, katemera amamupulumutsa. Nzeru imeneyi inayamba ndi a Louis Pasteur a ku France.

A Pasteur anabadwa pa 27 Disembala 1822 m'tauni ya Dole. Bambo awo ankafufuta zikopa. Iwo sanali dokotala ayi, anali katswiri wa sayansi. Anasonyeza kuti vinyo ndi mkaka zimasasa chifukwa cha tizilombo tosaoneka ndi maso, ndiponso kuti matenda ambiri amabwera ndi tizilombo totere.

Maliro sanawasiye. Mwa ana asanu amene anabereka ndi mayi Marie Laurent, atatu anamwalira ali aang'ono. M'chaka cha 1868 iwonso anafa ziwalo mbali ya kumanzere, koma ntchito sanaisiye. Mu 1881 anaonetsa poyera katemera woteteza nkhosa ndi ng'ombe ku matenda a anthrax.

Atatero analimbana ndi chiwewe. Masiku amenewo wolumidwa ankamuwotcha pabala ndi chitsulo chamoto. A Pasteur ndi anzawo a Émile Roux anatsimikiza kuti kachilombo ka chiwewe kamakhala mu ubongo ndi mumtsempha wa pamsana. Anatenga mitsempha ya akalulu odwala nkuiumitsa m'mabotolo mpaka masabata awiri kuti kachilomboko kafooke. Agalu amene anabayidwa mankhwala ochokera m'mitsemphayi sanadwale.

Pa 6 Julaye 1885 kunabwera mayi wochokera ku Alsace ndi mwana wake wa zaka 9, Joseph Meister. Mnyamatayo anali atalumidwa koopsa ndi galu wachiwewe masiku awiri m'mbuyomo. A Pasteur anada nkhawa, poti mankhwalawo anali asanatsimikizike pa anthu, ndipo mwana akanafa mlandu ukanakhala wawo. Atakambirana ndi madokotala anavomera. Dokotala Jacques-Joseph Grancher anayamba kumubaya pamimba tsiku lomwelo, ndipo onse pamodzi anakwana majakisoni 13. Joseph sanadwale. Atakula anagwira ntchito yolondera pamalo a kafukufuku a Pasteur mumzinda wa Paris.

Mu Okutobala chaka chomwecho anapulumutsanso mbusa wa zaka 15, Jean-Baptiste Jupille, amene analumidwa poteteza ana anzake. Koma mtsikana wa zaka 10, Louise Pelletier, anabwera naye patapita masiku 37 chimulumireni galu. Anamubaya ndithu, koma anamwalira. A Pasteur anamva chisoni kwambiri. Phunziro lake ndi lakuti katemera amayenera kulowa m'thupi kachilombo kasanafike ku ubongo.

Mbiri itamveka, olumidwa anayamba kufika ku Paris kuchokera kutali, ena ku Russia ndi ku America. Anthu anasonkha ndalama, ndipo mu 1888 anatsegula malo a kafukufuku otchedwa Institut Pasteur, amene alipo mpaka lero. A Pasteur anamwalira pa 28 Seputembala 1895 ali ndi zaka 72. Chaka chilichonse pa 28 Seputembala dziko lonse limakumbukira nkhondo yolimbana ndi chiwewe.

Katemera wa lero sachokeranso kwa akalulu ndipo sabaya pamimba. Amabaya pamkono, maulendo owerengeka pamasiku osiyana. Komabe bungwe la zaumoyo padziko lonse la OMS likuti chiwewe chimapha anthu pafupifupi 59,000 pachaka, makamaka mu Africa ndi ku Asia. Ambiri amachitenga kwa agalu, ndipo ana ndi amene ali pangozi kwambiri.

Choncho wolumidwa kapena wokandidwa ndi galu wokayikitsa atsuke bala ndi sopo ndi madzi ambiri kwa mphindi 15, kenaka apite kuchipatala tsiku lomwelo, ngakhale bala likhale laling'ono. Asadikire kuti aone ngati adwale, ndipo amalize majakisoni onse. Eni agalu nawonso azipita nawo kukatemera a zaziweto akalengeza. Mayi a Joseph Meister anafika pasanathe masiku atatu, ndipo mwana wawo anakhala ndi moyo zaka zina 55.