Pierre Bézier, katswiri wa galimoto amene mizere yake ili pa matumba a mbewu

Zilembo zambiri zimene zili pa thumba la feteleza, pa paketi ya mbewu ndi pa chikwangwani cha sitolo zimajambulidwa pa kompyuta ndi mizere yokhota. Mizereyi imadziwika ndi dzina la munthu wa ku France, Pierre Bézier.

Bézier anabadwira mumzinda wa Paris pa 1 Sepitembala 1910. Anaphunzira ntchito ya makina ndi ya magetsi, ndipo mu 1933 analembedwa ntchito ku kampani yopanga galimoto ya Renault, kumene anagwirako zaka 42. Poyamba ankakonza zida za m'fakitale. Nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itatha, makina amene iye anapanga anafulumizitsa ntchito yopanga galimoto yaing'ono ya Renault 4CV.

Koma panali vuto lina. Thupi la galimoto ankayamba alijambula pa pepala, kenako amisiri n'kusema chitsanzo chake ndi manja. Aliyense ankakhotetsa mzere monga mmene diso lake laonera. Kulakwitsa pang'ono kunkachititsa kuti zitsulo zisalumikizane bwino, ndipo kukonzanso kunkadya nthawi ndi ndalama.

Bézier anaganiza zoti mzere wokhota uzifotokozedwa ndi manambala. Mwa njira yake, madontho anayi ndi okwanira: awiri amakhala kumene mzere wayambira ndi kumene wathera, awiri enawo amaukokera mbali imene munthu akufuna. Zili ngati nsungwi yomangidwa mbali zonse ziwiri, imene imapindika mosalala munthu akaikoka. Manambala a madonthowo akalembedwa, makina amabwereza mzere womwewo osaphonya. Pofika mu 1968, njira yake yotchedwa UNISURF inali itayamba kugwira ntchito ku Renault.

Sanali yekha pa maganizowa. Paul de Casteljau wa ku kampani ya Citroën anapeza masamu ofanana mu 1959, koma abwana ake anawasunga mwachinsinsi. Bézier anafalitsa zake poyera, n'chifukwa chake mizereyi inatenga dzina lake.

Anapuma pa ntchito mu 1975, ndipo mu 1977, atapitirira zaka 65, analandira digiri ya udokotala wa masamu.

Ali moyo anaona mizere yake ikuchoka m'fakitale n'kulowa m'nyumba zosindikizira. Kampani ya Adobe inaigwiritsa ntchito mu PostScript mu 1984, kenako mu pulogalamu yojambulira ya Illustrator mu 1987. CorelDRAW inatuluka mu 1989. Bézier anamwalira pa 25 Novembala 1999 ali ndi zaka 89, ndipo patapita zaka zinayi kunabwera Inkscape, imene munthu amaipeza ulele.

Chithunzi cha pa foni ndi timadontho tambirimbiri, ndipo chikakulitsidwa kwambiri chimaoneka mbuu. Chojambula cha mizere ya Bézier sichitero, pakuti kompyuta imawerengeranso masamu ake pa msinkhu uliwonse. Ndiye chifukwa chake chizindikiro cha bungwe la alimi chikajambulidwa kamodzi mwa njirayi, chimatuluka bwino pa chidindo chaching'ono komanso pa nsalu yaikulu yopachika tsiku la chionetsero.