FANNY BURNEY: MKAZI AMENE ANAONA ZA M'KATI MWA NYUMBA YA MFUMU

Ambiri a ife tikamva za nyumba za mafumu a ku Ulaya, timayesa kuti onse okhalamo amangodya zonona ndi kugona tulo tabwino. Koma akuluakulu anati chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Lero tikuuzani, awerengi athu, mbiri ya Fanny Burney, mkazi wa ku England amene anatumikira Mfumukazi Charlotte zaka zisanu, nalemba zimene anaziona ndi maso ake.

Fanny anabadwa pa 13 Juni 1752 mu mzinda wa King's Lynn. Atate ake, a Charles Burney, anali katswiri wa nyimbo. Amai ake anamwalira iye ali ndi zaka 10, ndipo nzeru zake zambiri anazitola yekha m'mabuku a atate akewo. M'chaka cha 1778 anatulutsa buku la nthano lochedwa Evelina, koma osaikapo dzina lake, pakuti anali wamanyazi. Anthu analikonda bukulo, ndipo posachedwa mlembi wake anadziwika m'dziko lonse.

Mbiriyo inafika m'makutu a Mfumu George III ndi mkazi wake Charlotte. Mu Julayi 1786 Fanny anapatsidwa nchito yokhala wachiwiri kwa wosunga zovala za Mfumukazi. Malipiro ake anali mapaundi 200 pa chaka, pamodzi ndi chipinda chake ndi omtumikira. Mtima wake sunafune, chifukwa anadziwa kuti adzasiyana ndi abale ake ndi zolemba zake. Koma atate ake anaonapo ulemu waukulu ndi mwai wa banja lonse, tsono iye anawamvera nalowa m'nyumba yachifumu ku Windsor ali ndi zaka 34.

Moyo wa m'menemo unali kuyendera belu. Fanny anali kudzuka 6 koloko m'mawa, navala, nadikira kuti belu limuitane kukaveka Mfumukazi. Masana anaitanidwanso kukathandiza pa zovala zina ndi pa makonzedwe a tsitsi, nchito yotenga nthawi yaitali ali chiimire. Chakudya chachikulu chinali cha 5 koloko madzulo, ndipo pakati pa 11 ndi 12 koloko usiku belu linaliranso kuti akavule Mfumukazi. M'mawa mwake zinayambanso chimodzimodzi.

Malamulo a ulemu nawo anali olemera. Pamaso pa Mfumu munthu sanayenere kutsokomola, kuyetsemula kapena kugwedezeka. Sanaloledwe kuyamba kulankhula asanafunsidwe, kapena kukhala pansi popanda chilolezo, ndipo potuluka anayenda chafutambuyo kuti asafulatire Mfumu.

Komabe chimene chinamsautsa koposa sichinali Mfumukazi ai, pakuti iye anali wofatsa kwa Fanny, koma mkulu wake pa nchito, mai wa ku Germany dzina lake Juliana Schwellenberg. Maiyu anali wokalipa ndi wansanje. Fanny anayenera kudya naye ndi kukhala naye madzulo ambiri, kupirira mau ake olasa. Paulendo wa pa ngolo ya akavalo maiyo anakaniza kutseka zenera nyengo yozizira, kufikira maso a Fanny anatupa ndi mphepo.

Kumapeto kwa 1788 tsoka linagwa m'nyumbamo. Mfumu inadwala nthenda yosokoneza mutu, niyamba kulankhula kosalekeza usana ndi usiku. Anaisamutsira ku nyumba ya ku Kew, yozizira kwambiri, naipatula kwa mkazi wake ndi ana ake. Fanny ndiye anali kutumidwa m'mamawa kukafunsa m'mene Mfumu yagonera, nabwera kudzauza Mfumukazi. Pamenepo anaona mkazi wolemekezeka koposa m'dzikomo alikulira monga alirira mkazi ali yense mwamuna wake akadwala.

Pa 2 Febuluwale 1789, alikuyenda m'munda wa ku Kew, anakumana ndi Mfumu mwadzidzidzi. Popeza onse analamulidwa kuipewa, iye anathawa, koma Mfumu inamthamangira ilikuchula dzina lake. Asing'anga a Mfumu atampempha kuti aime, anatembenuka ali njenjenje. Mfumu sinamchite choipa. Inamfungatira, nimpsompsona patsaya, nicheza naye za atate ake ndi za nyimbo za Handel, monga munthu amene wasowa wocheza naye masiku ambiri. Patapita masabata ochepa Mfumu inachira, ndipo pa 23 Epulo kunachitika mapemphero othokoza m'tchalitchi cha St Paul ku London.

Koma Fanny thupi lake linali litafooka. Anaonda, nasowa tulo, ndipo abwenzi ake anaopa kuti afera pa nchito. Iye anazengereza, posafuna kukhumudwitsa atate ake kapena kuoneka wosayamika. Potsiriza anawaululira zonse, ndipo iwo anavomera kuti abwerere kwao. Anatuluka mu Julayi 1791, Mfumukazi itamlonjeza mapaundi 100 chaka ndi chaka.

Ndalama zochepazo zinamthandiza kumanga banja. Mu Julayi 1793 anakwatiwa ndi Alexandre d'Arblay, msilikali wa ku France amene anathawa chipolowe cha kwao atataya chuma chake. Popeza mwamunayo anali Mkatolika, ukwati wao unadalitsidwanso m'kachisi wa Akatolika ku London. Anakhala moyo wosauka koma wokondana, nabala mwana mmodzi, Alexander. Mavuto sanathe: mu 1811, ali ku Paris, asing'anga anamdula bere chifukwa cha chotupa, popanda mankhwala ogonetsa, iye ali maso. Anapulumuka, naika m'manda mwamuna wake mu 1818 ndi mwana wake mu 1837. Iye mwini anamwalira ku London pa 6 Januwale 1840, ali ndi zaka 87.

Atamwalira, zolemba zake za tsiku ndi tsiku zinasindikizidwa, ndipo mwa izo tidziwa za m'kati mwa nyumba imene ambiri anangoiona kunja. Tsono inu makolo amene mufunira ana anu nchito zaulemu, kumbukani a Burney, amene anakondwera ndi ulemu wa mwana wao osaona kuti alikufota. Funsani anawo m'mene akhalira kumene munawatumiza, ndipo akayankha, mverani.