Karl Freund: mwini mithunzi amene anaunikira nthabwala

M'chaka cha 1951, pamene Desi Arnaz anapempha Karl Freund kuti ajambule sewero loseketsa la pa wailesi ya kanema, pempholo linkaoneka ngati lachipongwe. Freund anali ndi zaka 61, mphoto ya Oscar ili kale m'nyumba, ndipo akatswiri a ku Hollywood ankaiona wailesi ya kanema ngati zachibwana.

Iye anabadwa pa 16 Januwale 1890 m'tauni ya Königinhof ku Bohemia, dera limene lero lili m'dziko la Czech. Banja lake linasamukira ku Berlin akadali mwana, ndipo ali ndi zaka 15 anayamba kuphunzira ntchito yoonetsa mafilimu. Posakhalitsa anagwira kamera. Masiku amenewo kamera inkaimikidwa malo amodzi, osewera n'kumachitira patsogolo pake. M'filimu ya F. W. Murnau ya 1924 yotchedwa Der letzte Mann, Freund anaimasula: anaikweza panjinga, kenaka n'kuimangirira pachifuwa chake kuti idzandire monga adzandirira munthu woledzera. Anajambula nawonso Metropolis ya Fritz Lang, imene inatuluka mu 1927.

Atapita ku America mu 1929, luso lake losewera ndi mdima linamupezera ntchito m'mafilimu oopsa. Anajambula Dracula mu 1931, ndipo chaka chotsatira anatsogolera yekha The Mummy. Oscar anaipata ndi The Good Earth ya 1937. Chaka chomwecho anabwerera ku Germany kukatenga mwana wake wamkazi, pakuti anali Ayuda ndipo chipani cha Nazi chinali chitalusa. Mayi a mwanayo, amene banja lawo ndi Freund linali litatha, anatsalira, ndipo anaphedwa mu 1942.

Nanga munthu wotereyu ankamufuniranji pa nthabwala? Nthawi imeneyo mapulogalamu ambiri ankaulutsidwa pompopompo kuchokera ku New York. Madera akutali ankalandira zithunzi zachimbuuzi, zojambulidwa poloza kamera pagalasi la wailesi. Arnaz ndi mkazi wake Lucille Ball sanafune kuchoka ku California, choncho anaganiza zojambula I Love Lucy pa filimu yeniyeni. Koma Ball ankaseketsa bwino pokhapokha pali anthu omuseka. Apa ndiye panagona vuto. Filimu imajambulidwa ndi kamera imodzi, ndipo nyali zimakonzedwanso nthawi iliyonse kamerayo ikasuntha, ntchito yotha maola. Anthu oonerera sangadikire choncho, ndipo nthabwala imene aimva kale saiseka mofanana.

Panafunika makamera atatu ojambula nthawi imodzi, ndi kuwala kokomera onse atatu. Poyamba Freund anati sizingatheke. Kenaka anazichita. Anapachika nyali zonse kudenga kuti pansi pakhale poyera, makamera aziyenda pamateyala popanda kukodwa m'mawaya kapena kutchinga oonerera. Kuwalako anakufalitsa mofanana ponseponse, kuti wosewera akathamangira kukhomo kapena kugwa pansi, nkhope yake isalowe mumthunzi. Popeza sakanatha kusintha nyali sewero lili mkati, kusiyana kwa kuwala ndi mdima anakulamulira ndi penti: makoma ndi ziwiya zinapakidwa utoto wotuwa wa milingo yosiyanasiyana. Kamera yapakati inkatenga chipinda chonse, zam'mbali n'kumatsata nkhope. Motero gawo lathunthu linkajambulidwa motsatana, usiku umodzi, pamaso pa anthu pafupifupi 300.

Tisamupatse zimene si zake. Ena, monga Jerry Fairbanks, anali atayesa kale kujambula ndi makamera angapo. Chimene Freund anachita n'kugwirizanitsa filimu yabwino, makamera atatu ndi gulu la anthu oseka, sabata ndi sabata, popanda china kuwononga chinzake. Anali ndi mwayi wakuti kuwala ankakudziwa ngati masamu, chifukwa anali ndi kampani yake ya Photo Research yopanga zipangizo zoyezera kuwala. Ball nayenso sanali mlendo kwa iye: anamujambulapo mu Du Barry Was a Lady mu 1943.

Pali okonda mafilimu amene amadandaula kuti mwini mithunzi ya Dracula anathera pa kuwala kopanda mthunzi. Dandaulolo n'losamveka kwa amene anaonapo gawo la 1952 limene Lucy akulephera kukulunga chokoleti chobwera mothamanga palamba, n'kuyamba kuchiunjika m'kamwa ndi m'chipewa. Pamenepo diso likufuna kuona manja, lamba ndi masaya nthawi imodzi, ndipo mthunzi umodzi wokongola ukanapha nthabwala yonse.

Sewerolo linayamba kuonetsedwa pa CBS pa 15 Okutobala 1951. Kujambula pa filimu kunali kodula, moti Arnaz ndi Ball anavomera kudulidwa malipiro, malinga mafilimuwo akhale awo. Popeza zithunzi za Freund zinali zoyera, magawowo anatha kuonetsedwa mobwerezabwereza, ndipo patapita zaka zochepa CBS inawagula ndi madola mamiliyoni angapo. Masewero a pambuyo pake monga Friends anajambulidwa m'njira yomweyo.

Anzake pantchito ankamutchula kuti Papa. Anajambulanso Our Miss Brooks ndi December Bride pa kampani ya Desilu, ndipo atasiya I Love Lucy mu 1956 anabwerera ku zipangizo zake zoyezera kuwala. Anamwalira ku Santa Monica pa 3 Meyi 1969, ali ndi zaka 79.