Humphry Davy: katswiri amene anatulukira zitsulo zoyaka moto pamadzi

Kufikira caka ca 1807, panalibe munthu ndi mmodzi yemwe amene anali ataonapo citsulo ca potaziyamu kapena ca sodiyamu, ngakhale kuti zitsulo ziwirizi zimapezeka m'phulusa la nkhuni ndi mumcere wa pandiwo. Munthu woyamba kuzitulutsa poyera anali a Humphry Davy, katswiri wa sayansi wa ku England, ndipo anatero pogwiritsa nchito mphamvu ya magetsi.

A Davy anabadwa pa 17 Disembala 1778 m'tauni ya Penzance, m'cigawo ca Cornwall. Atate awo, amene anali mmisiri wosema mitengo, anamwalira mu 1794, ndipo caka cotsatira mnyamatayo anayamba kuphunzira nchito kwa dokotala wa m'tauniyo amene analinso wosakaniza mankhwala. Sanapite ku yunivesite, koma anadziphunzitsa yekha mwa kuwerenga mabuku ndi kuyesa mankhwala. Mu 1798 analembedwa nchito ndi Dokotala Thomas Beddoes mumzinda wa Bristol, komwe anafufuza za mpweya wa nitrous oxide, umene umaseketsa munthu akaupuma. Mu 1801 anaitanidwa ku bungwe la Royal Institution mu London, ndipo makamu a anthu anali kusonkhana kudzamvera maphunziro awo.

Panthawiyo, katswiri wa ku Italy, a Alessandro Volta, anali atangolengeza mu 1800 za batire loyamba. A Davy anaganiza kuti mphamvu imene imamanga zinthu pamodzi ili pa cibale ndi magetsi, motero magetsi omwewo angathe kuzimasula. Anayamba ndi potashi, mankhwala ocokera ku phulusa, a mtundu umodzi ndi amene amapatsa cidulo mphamvu yofewetsa ndiwo. Atasungunula potashiyo m'madzi ndi kupititsamo magetsi, anangopeza mpweya wokhawokha. Koma mu Okutobala 1807 anayesa potashi wouma, wonyowetsedwa pang'ono cabe, ndipo panatuluka timadontho tonyezimira ngati siliva, tina mwa ito tikuyaka moto. Msuweni wawo Edmund Davy, amene anali kuwathandiza, anasimba kuti katswiriyo anavina m'cipindamo cifukwa ca cimwemwe. Citsuloco anacicha potaziyamu, ndipo patangopita masiku ocepa anatulutsanso sodiyamu kucokera ku soda woyabwa, amene amapangira sopo.

Zitsulozi zinadabwitsa akatswiri cifukwa n'zofewa moti zimadulika ndi mpeni, ndiponso n'zopepuka kuposa madzi. Kacidutswa ka potaziyamu kakaponyedwa pamadzi kamayandama, kamathamangathamanga uku kakulira, ndipo kamayaka ndi lawi lofiirira mobiriwira. A Davy anaona kuti citsuloco cimaswa madzi ndi kutulutsa mpweya wa haidrojeni, ndipo kuti acisunge anacimiza m'mafuta a naphtha.

Cifukwa ceniceni ca ukali umenewu cinadziwika iwo atamwalira kale, pambuyo pakuti a J.J. Thomson atulukira elekitironi mu 1897. Atomu iliyonse ya zitsulo za m'gulu limeneli ili ndi elekitironi imodzi yokha kunja kwake, ndipo siigwira zolimba. Citsulo cikakhudza madzi cimataya maelekitironi amenewa, madzi amasweka, haidrojeni amatuluka, ndipo pamakhala kutentha kwakukulu. Popeza potaziyamu amasungunuka pa madigiri pafupifupi 63 ndipo sodiyamu pa madigiri pafupifupi 98, kutenthako kumasandutsa citsulo kukhala camadzimadzi, ndipo kungayatsenso haidrojeni uja. Atomu ikakhala yaikulu, elekitironi yakunja imakhala patali ndi pakati pake ndipo imacoka msanga. N'cifukwa cake lifiyamu amangocita thovu, sodiyamu amathamanga pamadzi, potaziyamu amayaka, pamene rubidium ndi caesium zimaphulika nthawi yomweyo. Mu 2015, gulu la akatswiri lotsogozedwa ndi a Pavel Jungwirth ku Prague linajambula zimenezi ndi makamera othamanga kwambiri, ndipo linapeza kuti maelekitironi akacoka, maatomu otsala amakankhana okhaokha, moti citsulo cimatulutsa timinga tolasa m'madzi, ndipo madzi ambiri amacikhudza panthawi imodzi.

Ukali womwewu ndiwo unabisa zitsulozi kwa zaka zikwizikwi. Padziko lodzala ndi madzi ndi mpweya, sizingakhale pazokha, koma nthawi zonse zimakhala zitagwirana kolimba ndi zinthu zina. Moto wa ng'anjo za makolo, umene unali kusungunula mkuwa ndi citsulo ca makasu, unalibe mphamvu yozilekanitsa.

Mu 1808 a Davy anatulutsanso kashiyamu, magineziyamu, barium ndi strontium, ndipo mu 1810 anasonyeza kuti klorini si msanganizo wa zinthu zina. Mu 1812 anapatsidwa ulemu wochedwa Sir, koma caka comweco anavulala m'maso mankhwala ena atawaphulikira. Ngoziyi inawacititsa kufuna wowathandiza kulemba, ndipo mu 1813 analemba nchito mnyamata womanga mabuku, Michael Faraday, amene pambuyo pake anachuka kwambiri pa sayansi ya magetsi.

Nchito yawo inafikanso kwa anchito a m'migodi. Mu 1812 anthu 92 anafa pamene mpweya unaphulika mu mgodi wa malasha wa Felling, ndipo mu 1815 a Davy anapanga nyale yokutidwa ndi sefa ya waya, imene imaletsa lawi kuyatsa mpweya wa kunja. Anakana kulembetsa nyaleyo kuti azilandirapo ndalama, ngakhale kuti panabuka mkangano ndi a George Stephenson, amene anapanganso nyale yawo caka comweco.

A Davy anakhala mtsogoleri wa bungwe la Royal Society kuyambira 1820 mpaka 1827, pamene anatula pansi udindo cifukwa ca matenda a sitiroko. Anamwalira pa 29 Meyi 1829 mumzinda wa Geneva, ku Switzerland, ali ndi zaka 50, ndipo anaikidwa komweko. Mpaka lero sodiyamu amapangidwa mwa kupititsa magetsi mumcere wosungunuka ndi moto, ndipo m'masukulu amasungidwa m'mafuta, kutali ndi madzi.